Musandiuzenso zoti ndife afupi, taonani timu ya Tunisia

Loweruka lapitali ndinali ku Matero kukaonerera mwana wa mlongo wanga akusewera volleyball, ndiye pobwerera mu minibasi bambo wina amene tinakhala naye mpando umodzi anaona mpira uli pamiyendo pa mwanayo nkunena kuti "iwe mwana ukutaya chabe nthawi, masewera awa ndi a anthu ataliatali, ife kuno ku Zambia Mulungu sanatipatse msinkhu." Mwana anangoti zii maso pansi. Ine mtima unandiwawa maningi koma poti anali munthu wamkulu ndinangoti "ayi bambo, si choncho" basi tinatsika nkhani isanathe. Kuchokera tsiku limenelo mawu aja akungozungulira m'mutu mwanga, nchifukwa chake ndati ndilembe pano aliyense amve.

Tiyambe ndi Tunisia. Dziko lija lili ndi anthu pafupifupi 12 miliyoni, ife kalembera wa 2022 anatipeza tili oposa 19 miliyoni, ndiye kuti pa anthu tawaposa kutali. Koma timu yawo ya volleyball ya amuna yatenga kapu ya Africa ka 11. Anayamba mu 1967 pomwe mpikisanowu unkachitika koyamba kwawo ku Tunis, ndipo posachedwapa anatenga katatu kotsatizana, 2017, 2019 ndi 2021, ya 2021 ija anaitengera ku Kigali atagonjetsa Cameroon mu fainolo. Amene amawapumira m'khosi ndi Egypt, ali ndi makapu 9, mwa amenewo 6 anatenga mondondoza kuyambira 2005 mpaka 2015 kenako nkudzatenganso 2023 ku Cairo. Otsalawo anagawana Cameroon, 1989 ndi 2001, ndi Algeria, 1991 ndi 1993. Basi mayiko anayi okha. Chigawo chathu chino cha Zone 6, ife ndi Malawi, Zimbabwe, Botswana, Mozambique ndi anzathu ena, palibe olo mmodzi amene anaigwirako kapu imeneyo, ndipo ine zimandipweteka chifukwa anyamata odumpha ngati mphaka ndimawaona ndi maso anga weekend iliyonse.

Sindikuti a Tunisia ndi akatswiri a dziko lonse ayi, akatuluka mu Africa nawonso amakumana nazo. Ku Olympics ya Tokyo anasewera magemu asanu nkuluza onse. Egypt ku Paris mu 2024 anagwera gulu limodzi ndi Poland, Italy ndi Brazil, anabwerako opanda olo seti imodzi. Koma taonani chinthu ichi, anthuwa amabwererakonso, kugwa lero mawa ali pomwepo. Mu Seputembala 2025 pa World Championship ya ku Philippines, matimu 32, gemu yotsegulira inali ya eni bwalo ndi Tunisia, ine ndinaonera pa foni ndili pa ntchito mabandulo akutha ndikugulanso. Holo yonse ikukuwira timu yakwawo koma a Tunisia osatekeseka, anawina 3-0, ndipo anadutsa m'gulu lawo kufika mu matimu 16 omaliza komwe anatulutsidwa ndi Czech Republic. Kapu anatenga a Italy atagonjetsa Bulgaria. Chomwe chinandigwira mtima pa gemu yotsegulira ija si masmashi, kusmasha olo anyamata athu amatha. Ndi momwe amalandirira savisi. Mpira ukubwera ngati chipolopolo koma munthu amangoyika manja pansi phee mpira nkukwera bwinobwino kupita pamutu pa seta, uja amakonzera anzake mpira woti asmashe, seta osathamanga, ali ndi nthawi yosankha kuti apereke kwa ndani.

Manje za msinkhu zija. Inde kutalika kumathandiza, neti ya amuna ndi mamita 2.43 ndipo pa buloko, potchinga mpira pa neti, munthu wamtali ali ndi mwayi, sindingakane. Koma nanga Japan? Anatenga golide ku Olympics ya Munich mu 1972, ndipo zaka zapitazi abwereranso mwamphamvu, 2023 anamaliza achitatu mu Nations League, 2024 achiwiri. Seta wawo Masahiro Sekita ndi wa masentimita 175, libero wawo Tomohiro Yamamoto ndi 171. Anthu a msinkhu umenewo adzaza thoo mu City Market. Ku Paris anatsogola 2-0 pa Italy mu kotafainolo, anangoluza pamapeto penipeni 3-2. Ndipo FIVB, bungwe loyang'anira volleyball pa dziko lonse, inabweretsa libero mu 1998, uja amavala jezi yosiyana ndi anzake, ntchito yake ndi kulandira ndi kutola mipira kumbuyo, saloledwa kubuloka, ndiye malo amenewo munthu wamfupi wachangu ndiye mwini wake. Komanso tisaiwale, 2012 ku Libreville Chipolopolo inaima ndi Ivory Coast ya a Didier Drogba, zimphona zokhazokha, palibe anati tibwerere kunyumba poti ndife ang'onoang'ono, tinawina 8-7 pa mapenate. Nanga bwanji ikafika volleyball timafulumira kudzichotsera tokha?

Vuto lenileni ine ndinaliona tsiku lomwelo ku Matero ndisanakwere minibasi ija. Bwalo lomwe ana amasewerapo ndi la simenti yakale yong'ambikang'ambika, m'ming'alumo mwamera udzu, mizere anajambula ndi penti yotsala ya munthu wina. Mapolo a neti ndi zitsulo zozikidwa m'matayala odzaza konkire, neti pakati inakhuthuka ndiye amaikoka ndi chingwe choyanikira zovala. Seti yachiwiri mpira unagwa sitepe imodzi chabe kutsogolo kwa mwana wa mlongo wanga, mpira woti akanadziponya akanautola, iye anangotambasula mwendo nkuuphonya. Kochi wawo, bambo wodzipereka amene salandira olo ngwee pa ntchito imeneyi, anakuwa "daiva iwe!" Pa bureki mwana anabwera kwa ine kudzamwa madzi nkundionetsa bondo, chilonda cha sabata yatha chisanapole, m'mbali mwake zipsera zakale zitatu. Anati "amalume ndimafuna kudaiva koma thupi limakana lokha." Mawu amenewo sindidzawaiwala. Mwana wa zaka 15 thupi lake laphunzira kale kuopa pansi, ndipo akadzafika zaka 22 mukadzamuika pa bwalo labwino la mu holo mantha aja adzakhala alimobe, pomwe mnzake wa ku Tunis wakhala akudziponya pansi posalala kuyambira ali mwana.

Nkhani ili pamenepo. Matimu omwe timawadziwa pa mpira wa miyendo, Espérance ya ku Tunis, Étoile du Sahel ya ku Sousse, CS Sfaxien ya ku Sfax, onsewo ali ndi matimu a volleyball, chimodzimodzi Al Ahly ndi Zamalek ku Cairo. Mwana amalowa mu kalabu ali wamng'ono, amakulira momwemo, amasewera ligi yolimba mu holo sizoni yonse, ndiye akamadzaitanidwa ku timu ya dziko amakhala atapsa kale. Timu ya dziko siphikidwa pa kampu ya masabata awiri, olo mutabweretsa kochi wochokera ku Brazil. Kuno ndimawapatsa ulemu a Green Buffaloes ndi a Nkwazi ndi makalabu ena omwe agwirizira masewerawa kuti asafe, komanso OYDC, malo a masewera a achinyamata muno mu Lusaka, chitsegulireni mu 2010 yathandiza ana ambiri. Koma Lusaka yakula abale, mwana wa ku Chawama kapena ku Kanyama kuti akafike kumeneko ndi mabasi awiri kupita awiri kubwera, kholo lomwe likuvutika kupeza ya unga lingamupatse ya transipoti katatu pa sabata? Amapita kamodzi kawiri kenako basi wasiya, wabwerera pa simenti paja kapena wasiyiratu.

Ena mundiuza kuti ndalama kulibe, dziko lili ndi mavuto ambiri kuposa mpira. Ndikumva, nanenso ndimakhala mu komboni momwemu. Koma bwalo la volleyball ndi mamita 18 kwa 9 chabe, limakwana mu holo ya sukulu kapena ya tchalitchi, ndipo maholo otere alipo ambiri omwe amakhala okiya kuyambira Lolemba mpaka Lachisanu kudikira ukwati kapena kitchen party ya pa Loweruka. Masewerawa pomwe William G. Morgan ankawayambitsa mu 1895 ku Holyoke ku America anali a mu holo ya YMCA, sanamange sitediyamu. Ife tinapita kukapempha holo ina kufupi ndi kwathu kuti ana azilowamo kawiri pa sabata madzulo, tinalonjeza kuti tizisesa tokha ndi kulipira malaiti, anatiuza kuti tilembe kalata, tinalemba, miyezi inayi yapita yankho kulibe. Ndipo makampani omwe amathira ndalama pa mpira wa miyendo chaka ndi chaka, kodi kugula mipira khumi ndi neti imodzi yeniyeni kungawagwetse?

Inu amene muli m'makomiti a masukulu ndi a matchalitchi muno mu Lusaka ndikukupemphani ndi mtima wonse, mukakhala pa miting'i yotsatira itchuleni nkhani ya holoyi. Ine dzulo ndinadutsa pa salaula ku Soweto ndapeza ma kneepad peya imodzi, aakulu pang'ono koma mlongo wanga wati awabweza ndi singano. Loweruka lino ana akusewera 9 koloko m'mawa pa bwalo lomwe lija, amene ali ndi mpira wakale kapena ma kneepad omwe sakugwiritsa ntchito andilembere ku inbox ndidzabwera kudzatenga ndekha.