Ndalama zili pakati pa nkhani ya Peter ndi Ellie

Alembi a nkhaniyi, mwanena kuti filimu ya It Happened One Night ikusonyeza kuti chikondi sichiona chuma, koma mwasiya mfundo imene ikanathandiza owerenga kumvetsa chifukwa chimene anthu anaikondera. Filimuyi, imene anaitsogolera ndi Frank Capra, inatuluka mu 1934, dziko la America lili pa mavuto aakulu a zachuma, moti mu 1933 pafupifupi munthu mmodzi mwa anayi alionse oyenera kugwira ntchito anali pa ulova. Ndikukhulupirira kuti oonera ambiri ankadziona okha mwa Peter Warne, mtolankhani wochotsedwa ntchito amene akuphunzitsa Ellie, mwana wamkazi wa mpondamatiki, kuyenda pa basi ya anthu wamba ndi kusamala tindalama tochepa.

Chimene chimandichititsa chidwi kwambiri ndi cha kumapeto. Bambo ake a Ellie anali atalonjeza mphotho ya madola 10,000 kwa wothandiza kupeza mwana wawoyo amene anathawa, koma Peter akuikana n'kungopempha madola 39.60 amene anawononga pa ulendowo, ndipo apa ndi pamene bambowo akumuona kuti ndi woyenera kukhala mkamwini wawo. Kunena kuti chuma sichinalowererepo n'kulakwitsa, chifukwa mnyamatayo anayenera kutsimikizira kaye wolemera kuti sakulakalaka katundu wake, ndipo chilolezo chinachokerabe kwa mwini chumacho.

Inu amene mwayankha kuti bulangete lotchinga pakati pa mabedi a Peter ndi Ellie linabwera chifukwa cha malamulo okhwima a Hollywood oletsa zolaula m'mafilimu, dziwani kuti filimuyi inatuluka mu February, pamene malamulowo anayamba kutsatidwa mwamphamvu mu July 1934.