Za khunyu mwangodutsapo, a mtolankhani

Mwalemba zoona kuti khunyu ndi matenda a ubongo, si ufiti kapena ziwanda ayi. Koma bodza limene likupundula anthu kumudzi simunalitchule: loti thovu la munthu amene wagwa limapatsira. Mlongo wanga anagwera pamoto akuphika nsima, amayi atatu ali chiimire pakhomo la khitchini, aliyense kuopa kumukhudza. Mpaka lero zala ziwiri za dzanja lake lamanja zinamatirirana. Matendawa sapatsirana, kaya ndi malovu, thovu, ngakhale mpweya woipa uja amati akautulutsa uthawe.

Iyeyo zinamuyamba atadwala malungo aakulu ali ndi zaka 4. Ena zimawayamba chifukwa chovulala m'mutu, kubadwa movutikira, kapena nyongolotsi za nkhumba zikakakhazikika mu ubongo. Tinataya mbuzi ziwiri kwa asing'anga tisanapite kuchipatala. Kumeneko anamupatsa mankhwala otchedwa phenobarbitone oti azimwa tsiku lililonse, ndipo pano amagwa mwa apo ndi apo, makamaka akadumphitsa mankhwala.

Tsono inu achimwene amene mwathirira ndemanga pa nkhaniyi kuti tizilowetsa supuni m'kamwa mwa munthu amene wagwa khunyu kuti asameze lilime, chonde lekani zimenezo. Lilime silimezeka, mungomugulula mano. Mukokereni kutali ndi moto kapena madzi, pindani chitenje muike kunsi kwa mutu, musamupanikize, musamumwetse kanthu. Kunjenjemera kukaleka mugonekeni chammbali kuti thovu lituluke. Zikapitirira mphindi 5, pezani galimoto kapena kabaza muthamangire naye kuchipatala.