Musandiuze za pamwezi, ndiuzeni ndalama yonse

Lero ndapsa mtima, ndipo abale anga amene mumagwira ntchito m'mabanki mungondipirira, ndilankhula basi.

Alamu anga, amuna a achemwali anga aakulu, anatenga ngongole ya nyumba zaka ziwiri zapitazo. K30 miliyoni, yobweza zaka 15, chiwongoladzanja 30 peresenti pachaka. Kanyumba kake kali ku Luwinga, kapakatikati ndithu, musaganize zinyumba za mipanda yaitali za ku Kaning'ina zija. Malipiro a awiri onsewo amalowa muakaunti imodzi, ndipo mwezi uliwonse banki imadula K759,000 iwo asanaone n'komwe kuti kwalowa zingati. Loweruka anatulukira kwathu ku Chibavi, sitetimenti ataipinda kanayi m'thumba la jekete. Tiyi anamukana. Anangoyala pepala lija patebulo n'kunena kuti, "Alamu, inu masamu mumawatha, tandionerani ngati makina awo sanalakwitse."

Makina sanalakwitse. M'zaka ziwirizi apereka K18 miliyoni ndi kena pamwamba. Ngongole yatsika ndi K288,000. Muwerengenso bwinobwino. K18 miliyoni yapita, ngongole idakali pa K29.7 miliyoni.

Ndinawafunsa kuti kodi tsiku losaina lija anakuuzani chiyani? Akuti mnyamata wa tayi uja anawamwetulira n'kuwauza kuti, "Bwana, ingotengani ngati mukulipira lendi, kungoti nyumbayo ndi yanu." Nanga ndalama yonse imene mudzakhale mutapereka pofika chaka cha 15 anaitchula? Ayi. Inu munafunsa? Ayi. Ndinawerengera pa foni iwo akuona: K759,000 kuchulukitsa miyezi 180. Ikupitirira K136 miliyoni. Munthu wamkulu, bambo wa ana anayi, anangogwira pakamwa.

Apa ndi pamene pandinyansa ine. Munthu akugula chinthu cha K136 miliyoni, inu n'kumamuuza za K759,000. Mtengo wa ngongole ndi ndalama yonse imene idzatuluke m'thumba mwako kuyambira tsiku loyamba mpaka lomaliza. Ya pamweziyo ndi kachidutswa chabe. Ukapita ku msika waukulu uja kukagula thumba la chimanga amakuuza mtengo wa thumba lonse, ndiye iwe n'kusankha kugula kapena kubwerera. Koma pa nyumba, chinthu chodula kuposa china chilichonse chimene ambirife tidzagule pamoyo wathu, mtengo wake ukubisala mu tsamba lachisanu ndi chiwiri, m'Chingerezi cha maloya, m'tizilembo tofunika magalasi. Bwanji osaulemba pamwamba penipeni? Mukubwereka zakuti, mudzabweza zakuti. Mizere iwiri basi. Chikuvuta n'chiyani?

Ena muyamba kulemba m'munsimu kuti banki yaba. Siinabe, ndipo n'chimene chikupweteka kwambiri. Masamu ake ali poyera, kungoti palibe amene amakukhazika pansi n'kukuonetsa. Chiwongoladzanja cha 30 peresenti pachaka ndi 2.5 peresenti pamwezi, ndipo chimawerengeredwa pa ngongole imene yatsala. Mwezi woyamba ngongole ili pa K30 miliyoni, ndiye chiwongoladzanja chokha ndi K750,000. Iwe wapereka K759,000. Ndiye kuti imene yapita kukachepetsa ngongole yeniyeniyo ndi K9,000 yokha, mwinanso osakwana. K9,000! Thumba la simenti silingatuluke nayo m'sitolo. Mwezi wachiwiri chimodzimodzi, kangokwera pang'ono. Zaka zoyambirira zonse umakhala ukudyetsa chiwongoladzanja, ngongole ili chikhalire kukuyang'ana. Pakatha zaka zisanu alamu adzakhala atapereka K45 miliyoni, kuposa imene anabwereka, koma adzakhala ali ndi ngongole ya K28.8 miliyoni. Pakatha zaka 12, mwana amene ali sitandade 4 lero atalemba kale MSCE, ngongole idzakhala ikuyandikirabe K18 miliyoni. Imadzayamba kugwa mooneka m'zaka zitatu zomalizira, ngati munthuwe wafikako uli moyo ndiponso uli pantchito.

Izi munthu amayenera kuzimva cholembera chisanakhudze pepala. Osati kudzazitulukira yekha patatha zaka ziwiri, pakhomo pa mlamu wake, tiyi akuzizira.

Ndiye pali bodza lina lokoma limene amalikonda: "Tikuonjezereni zaka kuti muzipuma." Tiyeni tione kupumako. Ngongole yomweyi ya K30 miliyoni, chiwongoladzanja chomwechi. Mukaitenga ya zaka 20, pamwezi ndi K752,000. Mwapulumutsa K7,000 pamwezi, ya bando ya intaneti. Koma yonse pamodzi yafika K180 miliyoni. Mwaonjezera K44 miliyoni chifukwa cha K7,000. Tsono mukaitenga ya zaka 10, pamwezi ndi K791,000, kusiyana ndi ya alamu ndi K32,000 yokha, koma yonse pamodzi ndi K95 miliyoni. K32,000 pamwezi ikanawasungira ndalama yoposa K41 miliyoni ndi zaka zisanu za mtendere. Alamu akanaikwanitsa K32,000 imeneyo, ndikuwadziwa, mafuta a galimoto yopitira ku Nkhata Bay kukadya batala amaposa pamenepo. Palibe anawaonetsa. Anawafunsa kuti "mungakwanitse zingati pamwezi?" basi nkhani yathera pomwepo. Funso lake ndi lomwelo nthawi zonse: pamwezi, pamwezi, pamwezi. Ndalama yonse satchula.

Komanso 30 peresenti imeneyo sikuti anaikhomerera ndi msomali. Ngongole zambiri za nyumba kuno zimatsata reference rate, chiwongoladzanja choyambira chimene mabanki amagwiritsa ntchito, imene bungwe la Bankers Association of Malawi limalengeza mwezi ndi mwezi, banki n'kuikapo yake pamwamba. Ikakwera, nawenso yako yakwera, sakupempha chilolezo, amangokutumizira uthenga pa foni. Amene anasaina mu 2021 akudziwa chimene ndikunena. Nthawi imeneyo policy rate, chiwongoladzanja chimene Reserve Bank imaika chimene chikakwera chimakokanso reference rate, inali 12 peresenti. Mu 2022 inapita pa 14, kenaka 18. Mu 2023 inafika 22, kenaka 24. Mu February 2024 inali pa 26. Zifukwa zake tonse tikuzidziwa, kukwera mitengo kwa zinthu, kugwa kwa kwacha, boma kubwereka kwambiri m'mabanki momwemo, zimenezo ndisiyire akatswiri a pa wailesi. Ine changa n'choti ngongole ya K30 miliyoni ya zaka 15 pa 18 peresenti ndi K483,000 pamwezi, pa 30 peresenti ndi K759,000. Nyumba yomweyo, malata omwewo, munthu yemweyo, malipiro osasuntha. Kodi pamene munkamuuza kuti "zili ngati lendi" munamuuzanso kuti lendi imeneyi ikhoza kukwera pakati pa chaka popanda wokambirana naye? Landilodi wa ku Chiputula ngakhale akhale wankhanza chotani amabwera pakhomo, mumakangana, mwina amakutsitsirako. Zikakanika umanyamula katundu wako pa lole n'kusamukira ku Mchengautuwa. Kubanki ulibe kosamukira.

Ndipo K136 miliyoni ija sinathere pomwepo ayi. Ngongole isanatuluke n'komwe pali ndalama yoyendetsera mapepala imene banki imadula. Pali wodzayeza mtengo wa nyumba, umamulipira ndiwe. Pali loya wolemba chikole, umamulipira ndiwe. Pali stamp duty ya boma posintha umwini. Pali inshulansi ya nyumba ikapsa, pali inshulansi ya moyo wako kuti ukamwalira banki isaluze, zonsezo chaka ndi chaka. Pali gawo lako loyamba limene uyenera kupeza wekha chifukwa nthawi zambiri sakupatsa mtengo wonse wa nyumba, ndiye ambiri amakalitenga ku banki mkhonde kapena ku SACCO ya kuntchito, ngongole pamwamba pa ngongole. Ukalowa m'nyumbamo, ma city rates a khonsolo akukudikira, ground rent ya malo a lizi ikukudikira. Mvula ya kuno ku Mzuzu sinyengerera denga, ikayamba kudontha palibenso landilodi womuimbira. Zonsezi ndi mtengo wa nyumba imeneyo. Ziikeni papepala limodzi, muonkhetse, munthu aone nambala imodzi yonenepa, agone nayo usiku umodzi, mawa lake adzasaine ngati mtima ukadali m'malo.

Ifenso a Malawi tili ndi matenda athu, ndisaname. Tikalowa muofesi yozizira, atipatsa mpando wofewa, atitchula kuti bwana, basi nzeru zonse zathawa. Timachita manyazi kufunsa kuopa kuoneka osaphunzira. Munthu woti pa msika wa Zigwagwa amatha theka la ola akunenerera mtengo wa kaunjika, pa K30 miliyoni akungoti "chabwino, ndisaine pati?" Safunsa anadya phula. Funsani! Ndalama yonse ndi zingati? Ndipatseni ndandanda wa miyezi yonse 180 ndione kuti mwezi uliwonse ya chiwongoladzanja ndi zingati, yochepetsa ngongole ndi zingati. Chiwongoladzanja chikakwera ndi 5 peresenti ndizidzapereka zingati? Ndikapeza ndalama yapadera, ya fodya kapena ya khofi wa kumudzi, n'kuiponya pa ngongole, mundilipiritsa chindapusa? Funso lomalizali n'lofunika zedi, chifukwa K1 miliyoni yoponya pa ngongole chaka choyamba imachotsa K25,000 ya chiwongoladzanja mwezi uliwonse kuchokera pamenepo. Akakana kukupatsani ndandandawo, nyamukani. Mabanki mu Mzuzu muno alipo angapo, ena oyang'anizana makomo.

Ndikudziwa kubwera wina wa masamu ake kudzati, "Koma kwacha ikugwa, K136 miliyoni ya zaka 15 zikubwerazo siidzakhala kanthu, ndipo nyumba idzakhala itakwera mtengo." Zoona, kwacha inagwa ndi 25 peresenti mu May 2022, n'kugwanso ndi 44 peresenti mu November 2023, ndipo nyumba zakweradi mtengo. Koma malipiro ako anakwera ndi 44 peresenti mwezi umenewo? Banki imadula lero, kuchokera pa malipiro a lero, pamene shuga, fizi ndi magetsi zakwera kale. Nyumba yokwera mtengo sungaidye, ndipo kuti udzaione phindu lake uyenera kupulumuka miyezi yonse 180 osaphonya. Ngati masamu akowo ndi abwino choncho, bwanji osawaika poyera pamodzi ndi nambala yonse ija, munthu asankhe akuona? Ine sindikuletsa munthu kutenga ngongole ya nyumba. Ndikuti adziwe mtengo wake wonse. Basi.

Chifukwa ukaphonya, ulemu wonse uja umatha. "Bwana" uja amasanduka nambala ya akaunti. Chiwongoladzanja cha chilango chimakwera pamwamba pa chinzake, makalata a maloya amayamba kufika, ndipo mapepala a nyumba ali kale m'manja mwawo ngati chikole. Tsegulani nyuzipepala muone zidziwitso za nyumba zogulitsa zija, nambala ya puloti, dera, tsiku lomaliza kupereka mtengo. Iliyonse ya zimenezo munali banja limene linauzidwa kuti "zili ngati lendi". Ena anali atalipira zaka zisanu ndi chimodzi, zisanu ndi ziwiri, akuganiza kuti atsala pang'ono, osadziwa kuti ngongole sinasunthe. Wakatapila timamunyoza tonse, koma iye amakuuza pamaso kuti tenga K50,000, pakutha pa mwezi ubweretse K75,000. Ndi wankhanza inde, koma nambala yonse waimva usanatambasule dzanja.

Ndipo inu amene mumanyoza anzanu a lendi pa Facebook pano, mundimve. "Zaka 40 ukadali pa lendi?" "Mwamuna weniweni amakhala ndi pake." Mawu amenewa ndi amene akuthamangitsira anthu kukasaina zinthu zimene sanawerenge. Achemwali anga anatopa ndi kunenedwa ku mpingo ndi ku maukwati kuti awiri onse muli pantchito koma mukukhalabe m'nyumba ya eni. Lero onenawo ali kuti? Akuthandiza K759,000? Mayi wina woyandikana nane wakhala akumanga ku Nkhorongo pang'onopang'ono, chaka chino fawundeshoni, chaka chamawa njerwa mpaka pawindo, akapeza ya malata wakhoma chipinda chimodzi n'kulowamo. Anthu amamuseka kuti nyumba yake ikukalamba isanathe. Alibe ngongole ndi munthu.

Kungoti nakonso kumapuloti kuli zilombo. Anyamata aja amaima m'mbali mwa msewu wa ku Ekwendeni ndi kapepala kolemba pamanja, "malo awa ndi a agogo athu, a mfumu akudziwa." Ukalipira, ukathira mchenga ndi miyala, mwezi wotsatira upeza munthu wina akukumba fawundeshoni pomwepo, nayenso ali ndi kapepala kake kosainidwa ndi anyamata omwewo. Puloti imodzi eni ake atatu. Ukawaimbira, foni yazima. Ndipo malo opanda title deed banki siiwayang'ana n'komwe.