Chenjezo: lekani kuseweretsa mutu wa munthu wakufa

Ana inu, tamverani. Sabata yatha mdzukulu wanga anandibweretsera foni yake akuseka mpaka misozi, akuti ndione chithunzi chomwe anzake akutumizirana pa WhatsApp. Chinali chithunzi cha tizidutswa ta ubongo tili m'botolo la madzi achikasu, ndipo wina analembapo kuti uwu ndi ubongo wa Einstein, amene akufuna kukhoza mayeso abwere adzanyambiteko. M'munsi mwake tinkhope toseka tinali mbwee. Ine ndinamubwezera foniyo osaseka. Ndinangomufunsa kuti, akanakhala agogo ako aamuna ali m'botolomo, ukanatumiza? Mwanayo anangoti zyoli.

Mukuseka chinthu chimene simukuchidziwa, ndiye khalani pansi ndikuuzeni.

A Albert Einstein, katswiri wotchuka wa sayansi ya fizikisi, anamwalira pa 18 Epulo 1955 pachipatala cha Princeton ku New Jersey, m'dziko la America, ali ndi zaka 76. Mtsempha waukulu wa magazi wa m'mimba unaphulika. Madokotala anafuna kuwachita opaleshoni, koma eni ake anakana. Mkuluyu ankadziwa kuti dzina lake lafika ponseponse, ndipo ankadziwanso khalidwe la anthu. N'chifukwa chake anasiya mawu akuti thupi lake lidzawotchedwe, phulusa lidzamwazidwe pamalo obisika, kuti pasadzakhale manda oti anthu azikagwadirapo mafupa ake. Sanapemphe chipilala, sanapemphe bokosi lagolide. Anangopempha kuti asiyidwe apume.

Koma m'mawa wa tsiku lomwelo, dokotala wopima mitembo dzina lake Thomas Harvey, atatha kuona chomwe chapha mkuluyo, anacheka chigaza n'kutulutsa ubongo, n'kuusunga. Sanafunse achibale. Thupi linapita kukawotchedwa lopanda ubongo, anamfedwa akuganiza kuti atsanzikana ndi munthu wathunthu. Mwana wa malemuyo, Hans Albert, anamva nkhaniyi zinthu zitachitika kale, ndipo anakhumudwa kwambiri. Pambuyo pake anavomera, koma anaika lamulo loti ubongowo ugwiritsidwe ntchito pa kafukufuku weniweni wa sayansi basi, osati kuchita nawo chionetsero. Inu amene munakhalapo pasiwa, taganizani. Adzukulu asambitsa thupi, mwalira, mwaika, kenako mawa lake wina akubwera kudzakuuzani kuti chiwalo china cha bambo anu chili kwa iye, mumulole achisunge. Kuvomera kwa munthu amene waikidwa pakona chotero n'kuvomera kwanji? Ndipo si ubongo wokha. Maso nawonso anachotsedwa n'kuperekedwa kwa Henry Abrams, dokotala wa maso wa mkuluyo.

Harvey anaujambula ubongowo zithunzi, kenako unadulidwa m'zidutswa pafupifupi 240, zina n'kuzisenga mopyapyala kuti ziikidwe pa timagalasi toonera pa maikulosikopu. Analonjeza kuti atulutsa zotsatira za kafukufuku. Zaka zinadutsa, zii. Ntchito pachipatala paja inamuthera, banja linatha, iye n'kumasamuka tauni ndi tauni ubongo uli m'katundu. Mu 1978 mtolankhani Steven Levy anamupeza ku Wichita m'chigawo cha Kansas. Atafunsa za ubongo uja, Harvey anakatenga katoni ya chakumwa cha maapozi yomwe inali pakona mu ofesi yake, n'kutulutsamo mabotolo awiri aakulu. M'menemo ndi mmene munali mutu wa munthu amene dziko lonse linkamulemekeza, patatha zaka 23 chimwalirireni. Mu 1997 Harvey, atakalamba, anakwera galimoto ndi mtolankhani wina n'kudutsa dziko lonse la America mpaka ku California, zidutswa za ubongo zili m'kontena yapulasitiki kubuti, akuti akaonetse mdzukulu wa malemuyo, Evelyn. Mayiyo sanafune kuusunga. Mu 1998 ndi pamene Harvey anabweza zotsala kuchipatala cha Princeton, ndipo iye anamwalira mu 2007. Lero tizidutswa tina tili m'nyumba yosungiramo zinthu zakale ya Mütter ku Philadelphia, tina ku National Museum of Health and Medicine ku Maryland, anthu akumapita kukasuzumira. Chimene mwini wake anachikana ndi pakamwa pake ndi chimene chikuchitika.

Tsono funsani kuti pa zonsezi anapezamo chiyani. Choyamba, ubongowo unalemera magalamu 1,230, kuchepera ubongo wa amuna ambiri. Amene mumalemba kuti unali waukulu kuposa wa munthu aliyense mukunama. Mu 1985 Marian Diamond wa ku yunivesite ya California ku Berkeley anawerenga maselo m'tizidutswa tinayi n'kuyerekeza ndi ubongo wa amuna 11, ndipo anati pamalo amodzi panali maselo othandizira ochulukirapo. Mu 1999 Sandra Witelson wa ku yunivesite ya McMaster ku Canada anati mbali ina yokhudzana ndi masamu inali yotambalala kuposa ya anthu ena. Akatswiri anzawo anatsutsa zambiri mwa izi, ndipo chifukwa chake ngakhale mlimi angachimve. Sungadziwe za munda wonse poyang'ana phesi limodzi. Ubongo wa munthu aliyense uli ndi mapindidwe akeake, ndipo ukauyang'ana ukudziwa kale kuti mwini wake anali katswiri, chachilendo chilichonse chimene ungaone uziti nzeru zija zinali pamenepa. Zaka zonsezi palibe amene anatulutsa m'botolomo njira yopangira mwana wanzeru.

Nzeru za mkuluyu sizinabisike, anazisiya poyera. Mu 1905, ali kalaliki mu ofesi yolembetsa zopangapanga ku Bern m'dziko la Switzerland, analemba mapepala anayi amene anasintha fizikisi yonse, ndipo ankawalemba pa nthawi yake yopuma. Limodzi mwa mapepalawo, lofotokoza mmene kuwala kumatulutsira magetsi kukamenya chitsulo, ndi lomwe linamupezetsa mphoto ya Nobel ya 1921. Mu 1915 anafotokoza kuti chinthu cholemera ngati dzuwa chimapinda ngakhale njira ya kuwala. Pa 29 Meyi 1919 kunachitika kadamsana, ndipo Arthur Eddington, katswiri wa zakuthambo wa ku Britain, anali pa chilumba cha Príncipe kumadzulo kwa Africa akujambula nyenyezi zoyandikana ndi dzuwa, anzake ena ali ku Sobral ku Brazil. Zithunzizo zinasonyeza kuti kuwala kwapindikadi. Foni yomwe mukusekerayo, mukamafufuza njira pa mapu, imadalira masetilaiti a GPS amene mawotchi awo amatsogola ndi tizigawo 38 ta sekondi yogawidwa ka 1,000,000 tsiku lililonse. Akanapanda kukonza kusiyanaku potsata masamu a Einstein, mapu anu akanamasochera ndi makilomita pafupifupi 10 patsiku. Ndiye mukutenga chida choyendera nzeru zake n'kumamuchitira nacho chipongwe.

Palinso bodza lina limene ana asukulu mumalikonda, lakuti a Einstein ankalephera masamu. Mumauzana zimenezi kuti mudzitonthoze mukalakwa mayeso. Sizoona. Asanakwanitse zaka 15 anali atadziwa kale masamu amene ena amakawaphunzira ku yunivesite. Chimene chinachitika n'chakuti mu 1895, ali ndi zaka 16, analemba mayeso olowera sukulu ya ukachenjede ya Zurich asanafike msinkhu wake, ndipo sanachite bwino pa maphunziro ena, koma masamu ndi fizikisi anakhoza bwino lomwe. Anabwerera kusukulu chaka chimodzi, n'kudzalowa chaka chotsatira. Ngati mukufuna kutengera, tengerani kubwererako. Ndipo musamangomata chithunzi chawo pa mawu alionse anzeru amene mwatola pa Facebook. Kuika mawu m'kamwa mwa munthu wakufa ndi kuba komwe.

Chimene chikundiwawa kwambiri n'chakuti matenda amenewa tili nawo ifenso. Ngozi ikachitika pamsewu, anthu akuthamangira ndi mafoni m'malo mwa chitenje chofunditsa mtembo. Mayi akumva za imfa ya mwana wake poona chithunzi pa gulu la WhatsApp, uthenga usanafike n'komwe kwa amfumu. Pamaliro, nthawi yoona nkhope, wina akuweramira m'bokosi ndi foni kuti akhale woyamba kuonetsa anthu. Kale ana sitinkayandikira n'komwe pamene pagona maliro, ndipo amene walowa kukasambitsa thupi zomwe waona ankapita nazo kumanda kwake. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Thupi limene mukulijambulalo lili ndi eni ake, ndipo lanunso tsiku lina lidzakhala m'manja mwa anthu ena, inu osatha kunena kanthu.

Ndipo maganizo akuti mphamvu ya munthu ili m'chiwalo chake, moti ukachitenga watenga mphamvuyo, ife tikudziwa kumene amathera. Taona abale athu achialubino akuphedwa, manda awo akufukulidwa usiku, chifukwa cha bodza lakuti m'mafupa mwawo muli chuma. Sindikunena kuti Harvey anapha munthu, ayi, sanaphe. Koma muzu wake ndi umodzi, kuona thupi la munthu ngati nkhokwe yoti aliyense atapemo. Ndiye mwana wa kuno akamalemba kuti bwerani mudzanyambite ubongo kuti mukhoze mayeso, ine sindikumvapo nthabwala. Ndikumva fungo la chinthu chomwe chatiliritsa kale.

Sindikuletsa sayansi. Kupima thupi kuti tidziwe chapha munthu n'kofunika, ndipo alipo anthu amene amalemba okha ali moyo kuti thupi lawo lidzathandize ophunzira udokotala. Amenewo ndimawavulira chipewa. Kusiyana kwake ndi chilolezo cha mwini wake ndi cha achibale, choperekedwa mpeni usanakhudze thupi.

Chotero inu oyang'anira magulu a WhatsApp, chithunzi chotere chikalowa, chichotseni ndipo mumuuze wotumizayo chifukwa chake. Inu makolo, muziona zimene ana akusekera m'mafonimo. Mdzukulu wanga ndinamuuza afufute chithunzicho ine ndikuona, kenako ndinamutuma akatenge buku lake la fizikisi. Tinatsegula pamutu wonena za kuwala, ndipo ndamuuza kuti Loweruka likudzali adzandifotokozere ndi pakamwa pake chimene Eddington ankafuna kuona pa chilumba chija dzuwa litada masana.