Paul Delaroche sanali mboni ya mbiri yakale

Anthu amamutama Paul Delaroche, katswiri wojambula wa ku Paris wobadwa mu 1797, kuti ankajambula mbiri mmene inachitikiradi. Ine pamenepo ndiye ayi.

Umboni umene amathamangira ndi chithunzi chake cha Napoleon, mtsogoleri wa France, ali pa nyulu. Mu 1801 wojambula wina, Jacques-Louis David, anajambula Napoleon akuwoloka mapiri a Alps pa hatchi yoima ndi miyendo yakumbuyo, chovala chikuuluka, dzanja likuloza kutsogolo. Chonsecho mu May 1800 Napoleon anadutsa pa mpata wa Great St Bernard atakwera nyulu, munthu wa m'deralo akumutsogolera. Delaroche mu 1848 anajambula zomwezo: nyama yotopa, mutu pansi, mkulu wa nkhondo ali ndwii ndi chisanu. Apo anakhoza, sindikana.

Koma taonani chithunzi chake chotchuka koposa, cha mu 1833, cha kuphedwa kwa Lady Jane Grey. Mtsikanayu analamulira England masiku 9 okha, ndipo anamudula mutu mu February 1554 ku Tower of London, panja. Delaroche anamulowetsa m'chipinda chamdima, n'kumuveka chovala choyera mbee chonyezimira. Izo n'zam'mutu mwake.

Ndipo n'zimene zikuchipatsa mphamvu chithunzicho. Jane amumanga nsalu kumaso, manja akupapasa kufunafuna chipika choti aikepo khosi. Bambo wachikulire wamuweramira, akumulondolera mkono mofatsa ngati mwana wake. Pansi ayala udzu wouma woti umwe magazi, koma magaziwo palibe ngakhale dontho. Wankhwangwa wangoima pambali. Mzimayi wina wakomoka, wina watembenukira kukhoma. Delaroche ankadziwa posiyira nkhani kuti wowonera amalize yekha mumtima, ndipo luso limenelo ndi la wokonza sewero.

Anthu anakhamukira chithunzichi pa chionetsero cha Salon ku Paris mu 1834. Delaroche atamwalira mu 1856, akatswiri anayamba kumunyoza kuti n'ngongofuna kuliza anthu (ngati kuliza anthu n'kophweka). Mtsinje wa Thames utasefukira mu 1928, chithunzichi chinanyowa ku Tate, nyumba yosungira zithunzi ya ku London, ndipo ankayesa kuti chinatheratu, mpaka chinapezeka chitakulungidwa mu 1973. Lero chili ku National Gallery ku London.

Ndikanakhala mphunzitsi wa mbiri ndikanachipachika m'kalasi, koma ndikanayamba ndawauza ana kuti chipinda chamdimacho kunalibe.