Woimba zachikondi nayenso amamanga mtundu: maganizo anga pa František Krištof Veselý

Dzulo tinatsutsana kwambiri pakhomo pomwe ndimakhala kuno ku Bratislava, likulu la dziko la Slovakia, mpaka usiku nkhaniyo imangondizungulira m'mutu. Ndati ndiitulutse pano kuti mtima ukhale pansi.

Eni nyumba yomwe ndimachita lendi ndi agogo aakazi a zaka zopitirira 80. Lamulungu lililonse akamasenda mbatatesi kukhitchini amayatsa kawailesi kawo ka ma CD, kamene batani lake limodzi anachita kulimata ndi selotepi, ndipo mawu amene amatulukamo ndi a munthu mmodzimodzi yemweyo, František Krištof Veselý. Mawu ake ndi opepuka, omveka ngati akuimba uku akumwetulira, ndipo kumbuyo kwake kumamveka kuthetheka kwa chimbale chakale ngati chimanga chili pa phale. Agogowo amaimbira limodzi, mpeni uli m'manja, phazi likugunda pansi. Ndiye dzulo kunabwera mdzukulu wawo, mnyamata wa sukulu zake ndithu. Atangomva nyimboyo anati, "Agogo, mpaka liti? Izitu ndi nyimbo za shuga yekhayekha. Bambo ameneyu dziko analichitira chiyani?" Agogo sanayankhe, anangopitiriza kusenda. Amene ndinalephera kuugwira mtima ndine.

Veselý anabadwa mu 1903 ku Skalica, katauni ka kumadzulo kufupi ndi malire a Moravia, dera la Acheki, ndipo anamwalira kuno ku Bratislava mu 1977. Chaka chomwe ankabadwacho dziko lotchedwa Slovakia panalibe pa mapu. Dera lonseli linali pansi pa Hungary, mu ufumu wa Austria-Hungary, ndipo malamulo a maphunziro a 1907 anakakamiza Chihangare m'sukulu zomwe munali ana a Asilovaki. Chilankhulo chawo chinalipo, Ľudovít Štúr ndi anzake anali atachikonzera kalembedwe mu 1843, koma malo ake anali kumudzi, kumunda ndi kutchalitchi. Munthu akavala bwino kupita ku zisudzo mumzinda uno, umene nthawiyo unkatchedwa Pressburg kapena Pozsony, amakamva Chijeremani kapena Chihangare. Nyumba yokongola ya zisudzo ija ili pa bwalo la Hviezdoslav inatsegulidwa mu 1886, ndipo ankaseweramo ndi magulu a zilankhulo ziwirizo. Ngakhale pamene dziko la Czechoslovakia linabadwa mu 1918, n'kukhazikitsidwa Slovak National Theatre mu 1920, amene anayamba kusewera pa nsanjapo anali gulu la Acheki. Veselý naye ntchito yake anaiyambira m'magulu a zisudzo za Chihangare, poti kumeneko ndiye kunali khomo lolowera.

Kwa amene simunaonepo operetta, mtundu wa zisudzo zomwe Veselý ankasewera, ndi sewero lomwe anthu amalankhula, kenako n'kuyamba kuimba, kenako n'kuvina, nkhani yake nthawi zambiri ili ya chikondi, kusamvana ndi nthabwala. Likulu lake linali Vienna ndi Budapest. Chimene chimandikhudza n'choti mmodzi wa akatswiri ake otchuka kwambiri, Franz Lehár, anabadwira ku Komárno mu 1870, tauni yomwe lero ili m'dziko lino, koma masewero omwe anamutchukitsa anali a m'Chijeremani. Nthaka inkabala anthu aluso, koma lusolo likakula linkapita kukalankhula chinenero cha eni mphamvu.

Apa m'pamene ndinamuuza mnyamatayo kuti akulakwa. M'zaka za m'ma 1930 kunatulukira Gejza Dusík, amene anasiya maphunziro a udokotala n'kukaphunzira nyimbo ku Vienna. Iyeyu pamodzi ndi mlembi wa mawu Pavol Braxatoris anayamba kupeka nyimbo za gule wa tango ndi ma operetta m'Chisilovaki, imodzi mwa izo ndi Modrá ruža ya mu 1939. Koma nyimbo ili pa pepala siiyenda yokha. Imafuna pakamwa poitulutsa, ndipo pakamwa pomwe anthu ambiri anazimvera nyimbo za Dusík ndi pa Veselý, pa nsanja, pa wailesi komanso pa zimbale za galamafoni zomwe mbali imodzi inkatha mphindi zitatu zokha. Anasewerakonso m'mafilimu a Acheki m'zaka zomwezo. Taganizani mtsikana wa ku mudzi wina wa m'mapiri, amene moyo wake wonse amadziwa kuti zinthu zapamwamba zimanenedwa m'chinenero cha ena, tsiku lina akumva bambo wovala jekete la mchira akufunsira mbeta m'mawu omwewo amene mayi ake amamuitanira kudzadya. Olemba galamala amachipatsa chilankhulo mafupa, zimenezo sindikana. Koma kuti munthu asiye kuchita nacho manyazi, ayambe kuchinong'oneza kwa wokondedwa wake pa gule, pamafunika anthu ngati Veselý.

Ndipo tisamaone ngati ntchito yake inali yofewa. Ine ndinakaonerako sewero loimba ku Nová scéna, nyumba ina ya zisudzo mumzinda uno, nditakhala mpando wa kutsogolo, ndipo ndinaona thukuta likudontha pa chibwano cha wosewera wina amene anangomaliza kuvina n'kuyamba nyimbo pomwepo osapuma. Ameneyo anali ndi kamaikolofoni pa tsaya. M'badwo wa Veselý unkaimba ndi chifuwa chokha, gulu la zoimbira lili patsogolo pawo, ndipo mawu amayenera kukafika kwa munthu wa mpando wotsiriza ali omveka liwu ndi liwu, apo ayi nthabwala yafa. Kuliritsa anthu kuli ndi njira zambiri, koma kuwaseketsa pa nthawi yake, usiku ndi usiku, kaya kunyumba wasiya matenda kaya ngongole, ndi luso lomwe ochepa ali nalo. Nyumba ya Nová scéna yomweyo inatsegulidwa mu 1946, ndipo Veselý anali m'gulu la anthu amene anayala maziko a zisudzo zoimba kumeneko.

Pali mbali imodzi imene mnyamata uja anandigwira nayo pakhosi, ndipo sindiibisa. Anati zaka zomwe nyimbozi zinkamveka paliponse ndi zomwezo za boma la Jozef Tiso, la 1939 mpaka 1945, lomwe linali bwenzi la Hitler. Mu 1942 mokha Ayuda pafupifupi 58,000 anakwezedwa m'sitima kuchoka m'dziko lino, ndipo ochuluka zedi sanabwerenso. Pamene izi zinkachitika, m'nyumba za zisudzo magetsi ankayaka, anthu akuomba m'manja. Zimenezi zimandiwawa, ndipo aliyense wokonda nyimbozi ayenera kuzisenza pamtima. Sindingamvere tango ya nthawi imeneyo ngati kuti kunja kunali bata. Koma sindivomereza kuti mlandu wa boma lakupha tiukankhire pa nyimbo yachikondi, ngati kuti ikanakhala chete sitimazo zikanaima. Amene anasaina malamulo ndi amene anatseka zitseko za mabogi amadziwika maina awo.

Chikomyunizimu chitalanda boma mu February 1948, operetta inayamba kuonedwa ngati zotsalira za anthu achuma, zosathandiza wantchito. Mawu onyozawo ndi omwewo amene mdzukulu uja ananena dzulo, kungoti iye sakudziwa kuti akubwereza za akuluakulu a chipani amene agogo ake ankawaopa. Komabe anthu sanazitaye. Dusík anapitiriza kupeka, mu 1956 anatulutsa operetta ya Hrnčiarsky bál, ndipo nyimbo zakezo zinapitirira kuimbidwa m'maukwati ndi m'makhitchini. Maboma anasinthana, dziko la Czechoslovakia linagawika pa 1 January 1993, koma kawailesi ka selotepi kaja kakuimbabe.

Chimene chimandinyansa m'kaganizidwe ka anthu ena ophunzira n'chakuti amayesa kulemera kwa luso poona nkhope yake. Likakhala lokwinya tsinya ati ndi lozama, likakhala lomwetulira ati ndi la anthu wamba. Chonsecho anthu wambawo ndi amene amasunga chilankhulo, ndipo zomwe amasunga ndi zimene zinawagwira mtima ali achinyamata. Agogo anga a lendi amaiwala pomwe aika magalasi, koma ndime zonse za nyimbo za Veselý amazitchula osaphonya liwu.

Mnyamatayo atapita, ndinawafunsa agogo chifukwa chomwe sanamuyankhire. Anapukuta manja pa epuloni, n'kundiuza kuti malemu amuna awo sankadziwa kulankhula zachikondi, anali munthu wa mawu ochepa, ndiye tsiku lomwe ankafuna kuwafunsira anangopempha oimba pa gule kuti aimbe nyimbo ina ya Dusík, iwo n'kuima patsogolo pawo manja akunjenjemera. Atanena zimenezo anabweza CD ija pa nyimbo yachinayi n'kundipatsa mpeni kuti ndimalize mbatatesi zotsala, poti maso awo anali atadzaza misozi ndipo sankaona bwino.