Anaidikira zaka 8 katuni yake

Mwana wa achemwali anga ankaonera Supa Team 4, katuni ya atsikana anayi oteteza mzinda wa Lusaka, pa foni yanga. Atamva dzina loti Lusaka anatembenuka msanga: "Amalume, Lusaka yomwe ija amakaodako katundu amayi?" Ndinati yomweyo. Anakhala chete, maso ali pa foni, mpaka nsima kuzizira.

Anthu akamaikamba katuniyi amangoti ndi ya Netflix. Ine zimandiwawa, chifukwa nkhaniyi ili ndi mwini wake: Malenga Mulendema, mayi wa ku Zambia. Mu 2015 analowa mpikisano wa Story Lab wa kampani ya Triggerfish ya ku Cape Town. Nkhani zinabwera zoposa 1,000 kuchokera m'maiko osiyanasiyana a mu Africa, zinasankhidwa 8 zokha, yake ili momwemo. Netflix inalengeza mu 2019 kuti yaitenga, nthawi imeneyo ikutchedwa Mama K's Team 4. Ana anadzaiona mu July 2023. Werengani nokha zakazo. Ndi angati mwa ife akanapirira, achibale akufunsa mwezi ndi mwezi kuti ntchito yeniyeni uyamba liti?

Ndimakana ndithu munthu akamati kulembera ana ndi masewera. Wamkulu amaonera filimu yosakoma mpaka kumapeto poti walipira kale. Mwana ayi, ukamutopetsa amangodzuka n'kukasewera fulaye. Kuti akhale pansi, wolemba ayenera kudziwa chimene chimamuseketsa, chimene amaopa, ngakhale mmene atsikana a sukulu amakanganirana n'kugwirizananso. Ndipo taonani amene Malenga anamuika kukhala mtsogoleri wa atsikana anayi aja: Mama K, mayi wachikulire, kazitape wopuma ntchito. Kwathu kuno agogo ndiwo amatuma ana, ndiye mwana wa ku Mtendere kapena ku Ndirande sadabwa nazo. Olemba anzake pa magawo a katuniyi analinso amayi a mu Africa muno.

Chimodzi chokha chimandiluma. Kuti Lusaka ioneke pa kanema, panafunika kampani ya ku Cape Town ndi ina ya ku London yotchedwa Cake, ndipo atsikanawo amayankhula Chingelezi. Mwana wa achemwali uja amatsatira zithunzi, koma nthabwala zambiri zimamudutsa, ndimachita kumumasulira. Ndikufuna ndidzamve Mama K akuwakalipira atsikana aja m'Chinyanja, gawo lonse, mwanayu n'kuseka yekha ine ndisanatsegule pakamwa.